Kodi khoti liimitse liti kafukufuku wa apolisi?

Zakhala ngati mwambo m'dziko muno kuti munthu wodziwika akangomva kuti apolisi kapena a ACB akumufunafuna, loya wake amathamangira kukhoti kukatenga chiletso. Ambiri tikukumbukira nkhani ya a Kezzie Msukwa, amene anali nduna ya zamalo. Bungwe la ACB lidawamanga pa 31 Disembala 2021 pa nkhani yokhudzana ndi wamalonda Zuneth Sattar, koma bwalo lalikulu ku Zomba lidaimitsa kaye chikalata chowamangira. Mu Meyi 2022 Jaji Redson Kapindu adakana pempho lawo, nagamula kuti ACB sidalakwe pogwira ntchito ndi bungwe la National Crime Agency la ku Britain. Sitikuweruza a Msukwa pano. Chomwe tikufunsa n'chakuti, kodi khoti liyenera kugwira dzanja la wofufuza pa nthawi iti?

Kufufuza ndi ntchito ya apolisi, kuweruza ndi ntchito ya khoti. Khoti likaimitsa kafukufuku ali pakati, limakhala ngati lagamula mlandu umene umboni wake silinauone, ndipo miyezi ikamapita mboni zimaiwala, zikalata zimasowa. Choncho ife tikuona kuti chiletso chotere chizikhala chosowa. Chiperekedwe pamene nkhani yodandaulidwayo, ngakhale itakhala yoona, si mlandu pa malamulo, monga ngongole ya pakati pa anthu awiri imene wina waitengera kupolisi kuti aopseze mnzake. Chiperekedwenso pamene zikuonekeratu kuti kafukufukuyo ndi chida chobwezera kapena chozunzira munthu, kapena ofufuzawo adumpha mphamvu zimene lamulo lidawapatsa. Kungoti "dzina langa liipa" si chifukwa chokwanira.

Chisilamu chidationetsa mbali zonse ziwiri. Mayi wa fuko lolemekezeka la Makhzum ataba, Akuraishi adatuma Usama bin Zaid (Allah asangalale naye) kuti akamupepesere, koma Mtumiki Muhammad (madalitso ndi mtendere zikhale pa iye) adakana mwamphamvu, nachenjeza kuti mitundu yakale idaonongeka chifukwa chomasula olemekezeka ndi kulanga ofooka okha. Komanso Sharia imaika udindo wobweretsa umboni pa wodandaula, ndipo Surat Al-Hujurat imatilamula kufufuza nkhani bwinobwino tisanapweteke anthu mosadziwa.

Koma chimene chimatiwawa ife kuno kunyanja n'china. Ndime 42 ya malamulo aakulu a dziko lino imati munthu womangidwa auzidwe chifukwa chake m'chilankhulo chimene amamva, ali ndi ufulu wokhala chete ndi wokumana ndi loya, ndipo akaonekere kukhoti pasanathe maola 48, kapena tsiku loyamba limene khoti likugwira ntchito ngati maolawo athera kumapeto kwa sabata. Apa ndi pamene khoti liyenera kulowerera msanga, popanda kuimitsa kafukufuku. Nanga msodzi wa ku Makanjira kapena ku Senga Bay, womuganizira kuti waba injini ya boti, amadziwa zimenezi? Iye chiletso sachilota n'komwe. Amangofuna kuti abale asagulitse ukonde kuti atuluke m'chitokosi.

Makolo, mwana wanu akagwidwa, lembani tsiku ndi ola limene wamangidwa. Belo ya kupolisi ndi yaulere, musalipire aliyense. Maola 48 akadutsa asanamutengere kukhoti, kadandauleni kwa majisitireti, kapena pitani ku ofesi ya Legal Aid Bureau, yomwe boma lidakhazikitsa kuti ithandize osowa ndalama zolipira loya.