Kukhululukira dalaivala sikufafaniza ngongole ya inshuwalansi

Lero ndilankhula za ndalama pa maliro, ndipo ndikudziwa kuti ena mwa inu muchita tsinya. Pirirani nane.

Mwezi watha tinaika m'manda mbale wathu amene minibasi inamuwomba pa msewu wa M1 akuchokera ku ganyu pa njinga yake. Wasiya mayi ndi ana anayi, wamkulu ali Fomu 2. Mwini minibasi anafika pa siwa ndi bokosi, matumba awiri a ufa ndi kabichi, nagwada, napepesa. Anachita bwino. Koma titabwerako ku manda, atsibweni a malemu anaimirira nati: "Ife ndife akhristu, za milandu ayi. Tasiyira Mulungu." Anthu anagwedeza mitu kuvomereza. Ine ndinakhala chete, ndipo chete ameneyo wandisowetsa tulo, pakuti amene anasiyira Mulungu tsiku lija si amene adzasake fizi mu Januwale.

Tamvani mmene zinthu zilili. Lamulo lathu la pamsewu, Road Traffic Act, limakakamiza galimoto iliyonse kukhala ndi inshuwalansi yoteteza anthu ena. Mwini galimoto amapereka ndalama ku kampani nthawi ndi nthawi, kuti tsiku limene woyendetsa adzavulaze kapena kupha munthu chifukwa cha kusasamala, kampaniyo idzalipire. Ndalamazo zinaperekedwa kale, ngozi isanachitike. Tsono banja likati "tasiya", silinachitire chifundo dalaivala wosauka uja. Lapereka mphatso kwa kampani imene sinafike n'komwe pa siwa. Gawo 148 la lamulo lomwelo limalola ofedwa kusumira kampaniyo mwachindunji, koma khomo limenelo limatsekeka pakatha zaka ziwiri. Ife timalira, timameta, timamanga chiliza, kenaka n'kukumbuka za mapepala nthawi itatha.

Musasokonezenso milandu iwiri. Dalaivala akazengedwa ndi apolisi nalipitsidwa faindi, ndalama imeneyo ndi ya boma. Chipukuta misozi cha ana amasiye chili ndi njira yakeyake, ndipo sichibwera chokha.

Wina adzati, kodi kumeneku si kugulitsa magazi a m'bale wathu? Tsegulani Eksodo 21. Mulungu yemwe amatiphunzitsa kukhululuka anaikanso lamulo pa ng'ombe yogunda anthu: mwini wake akadziwa khalidwe lake koma osaisunga bwino, ndipo ikapha munthu, mlandu unali pa iye, ndipo panali dipo loyenera kuperekedwa. Minibasi yopanda mabuleki ndiyo ng'ombe yogunda ya masiku ano. Mu Luka 18 Ambuye wathu sanadzudzule mkazi wamasiye amene anavutitsa woweruza kufikira atamumva. Anamuika kukhala chitsanzo. Khululukirani dalaivala ndi mtima wonse, mumupempherere, pakuti nayenso sagona. Koma musakhululuke m'malo mwa mwana wa zaka zisanu chinthu chimene lamulo likuti ndi chake.

Bwalo la milandu siliika mtengo pa mzimu wa munthu. Limayang'ana zinthu za pansi pano: malemu anali ndi zaka zingati, ankapeza zingati, ndi gawo lotani limene linkadyetsa banja, ndipo akanalidyetsa kwa zaka zingati. Limaonjezerapo za moyo umene wadulidwa ndi zimene zinawonongedwa pa maliro, n'chifukwa chake malisiti a bokosi ndi a galimoto yonyamula thupi si otaya. Munthu wa ganyu wopanda pepala la malipiro sasiyidwa kunja; oweruza amawerengera pa malipiro otsikitsitsa ovomerezeka ndi boma. Ngati malemu nawo analakwa pa msewu, ndalama zimachepetsedwa, ndipo ndi chilungamo.

Pali chimodzi chimene chimandiwawa. Kampani imalipira kufikira pa malire amene analembedwa m'pangano lake ndi mwini galimoto basi. M'milandu yambiri ya ku Khothi Lalikulu malire amenewo akhala K5 miliyoni. Kwacha inagwetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo inu amayi mukudziwa kuti thumba la chimanga lafika pati. Ndalama zotere zingalere ana anayi kufikira liti? Ine ndikuti malire amenewa ayenera kukwezedwa, ndipo aphungu athu akabwera kudzakhala pa mipando ya kutsogolo m'tchalitchi, tiwafunse zimenezi. Inu eni magalimoto a mumpingo muno, dziwani kuti khothi likagamula zoposa malire, zotsalazo zimagwera inu ndi dalaivala wanu. Mukayendetsa popanda inshuwalansi, monga zichitira njinga zamoto zambiri za kabaza, katundu yense ali pa mutu panu.

Ofedwa, tengani lipoti la apolisi, chikalata cha imfa, nambala ya galimoto ndi dzina la kampani yake. Musasaine pepala lililonse misozi isanaume. Chenjerani ndi madobadoba amene amazungulira pa chipatala akulonjeza mamiliyoni; pitani nokha kwa loya wodziwika, kapena ku Legal Aid Bureau ngati mulibe chomulipira. Kampani ikamazemba, kadandauleni ku Reserve Bank of Malawi, imene imayang'anira makampani a inshuwalansi.

Ndalamazo zikatuluka, ndi za amene ankadya m'manja mwa malemu: mkazi kapena mwamuna wake, ana, ndi makolo amene ankawadalira. Atsibweni ndi alamu, ndikunena mwaulemu, inu ndinu operekeza chabe. Ndaona anthu okana milandu pa siwa akusanduka oyamba kufunsa za cheke.

Loweruka lino ndikubwerera ku nyumba ya mayi uja pamodzi ndi madikoni awiri ndi amayi a Mvano, kukapepesa kuti ndinakhala chete, ndi kuwaperekeza ku polisi kukatenga lipoti. Atsibweni aja ndawaimbira kale foni, avomera kudzakhalapo.