Chimanga cha m'botolo ndi fumbi la ku Kabwe

Popeza mondokwa sachedwa kutha pamsika, ndipo wakukhumba kudya chimanga chachiwisi m'chilimwe ayenera kuchisunga mwaluso, amayi ena a mu Kabwe ayamba kuchitsekera m'mabotolo pamodzi ndi anyezi, tsabola, shuga ndi viniga. Ndipo ine ndiwayamikira, ngakhale ndiwapempha asaumire viniga. Pakuti chimanga chilibe kuwawasa kwake kwachibadwa, ndipo m'botolo lotsekedwa, lopanda mpweya ndi lopanda chowawasa, mumabadwa ululu wosanunkha wotha kupha munthu, umene kuwiritsa botolo m'madzi wamba sikuuletsa. Safunsa anadya phula.

Koma chondivuta mtima koposa ndi nthaka. Mgodi wa Broken Hill wa kuno ku Kabwe, ngakhale unatsekedwa mu 1994, unasiyira makomboni a Kasanda, Chowa ndi Makululu fumbi la mtovu, limene likalowa m'mwazi wa mwana limafooketsa nzeru zake. Chotero mfutso woyanika pamphasa pabwalo, monga anachitira makolo athu kumudzi, kuno suyenera konse. Tsukani masamba kawiri, muyanike pathandala lalitali, muwaphimbe ndi nsalu yoyera, ndipo mabotolo muwasunge otseka m'nyumba, kutali ndi mphepo ya mu Ogasiti.