Dzina la Pressburger lisamabisike kumbuyo kwa Powell

Akatswiri a mafilimu akamatamanda The Red Shoes kapena Black Narcissus, dzina lofulumira kutuluka pakamwa pawo ndi la Michael Powell. La Emeric Pressburger limadza pambuyo, ngati la munthu amene anangoperekeza mnzake kuchinkhoswe. Ine ndikuti kumeneku n'kumubera munthu thukuta lake, ndipo kuba kotere kwazolowereka mwakuti ambiri sakuonanso cholakwika.

Pressburger anabadwira ku Miskolc, m'dziko la Hungary, mu 1902, m'banja la Chiyuda. Kulemba mafilimu anakuyambira ku Berlin, pa kampani ya UFA. Hitler atatenga boma mu 1933, Ayuda anachotsedwa ntchito, iye n'kuthawira ku Paris, kenako ku London mu 1935. Kumeneko wopanga mafilimu Alexander Korda, nayenso mwana wa ku Hungary, anamukumanitsa ndi Powell pa filimu ya The Spy in Black ya 1939. Awiriwa atakhazikitsa kampani yawo ya The Archers, pa mafilimu awo pankalembedwa poyera kuti kulemba, kukonza ndi kutsogolera, zonse n'za onse awiri. Eni ake sanasiyanitse. Anadzasiyanitsa ndi olemba ndemanga, potengera chiphunzitso chimene chinabuka ku France m'zaka za m'ma 1950, choti mwini filimu ndi dairekita basi.

Ondikana adzati filimu ndi zithunzi, ndipo diso linali la Powell. Diso linali lake ndithu, sindikukana. Koma kamera simajambula chinthu chimene palibe anachiganiza. Taonerani The Life and Death of Colonel Blimp ya 1943. Nkhondo ili mkati, mabomba atagumula nyumba za London, filimuyi inaika pakati penipeni pa nkhani ubwenzi wa zaka makumi anayi wa msilikali wa Chingerezi ndi mnzake wa Chijeremani, Theo. Pali malo pamene Theo, atakalamba, akhala pamaso pa wofunsa othawa kwawo n'kufotokoza chimene wachokera ku Germany: mkazi wake anamwalira, ana ake analowa chipani cha Nazi ndipo sanabwere ngakhale kumaliro. Kamera siyendayenda, imangoyang'ana nkhope ya Anton Walbrook, wosewera ngati Theo. Mphamvu yonse ili m'mawu. Mawu amenewo akanawadziwira kuti Powell, mbadwa ya ku Kent imene sinalandidwepo dziko? Anawalemba munthu amene boma la Britain linkamuwerengera m'gulu la alendo ochokera kwa adani, ngakhale ankalilembera mafilimu olimbikitsa nkhondo yake. Winston Churchill anaida filimuyo ndipo anafuna kuti iletsedwe. Chimene chinamukwiyitsa chinali nkhani yake, ndipo nkhaniyo mwini wake tikumudziwa.

Ngakhale mu 49th Parallel ya 1941, imene inapatsa Pressburger mphotho ya Oscar ya nkhani yabwino, mkulu wa asilikali a Nazi amadzudzulidwa ndi mlimi wolankhula Chijeremani mnzake wa ku Canada. Pressburger ankakana kunena kuti mtundu wonse ndi zilombo, pa nthawi imene kunena choncho kukanamupezera manja ambiri omuombera.

Umboni wina, umene kwa ine umathetsa mkangano, unadza awiriwa atasiyana mu 1957. Mayi ake a Pressburger, amene anatsala ku Hungary, anafera ku Auschwitz. Komabe mu 1966 iye anatulutsa buku la The Glass Pearls, lonena za dokotala wa Nazi wobisala ku London n'kumakonza mapiyano. Analilemba kuchokera m'mutu mwa wakuphayo, mpaka wowerenga amadzipeza akumuchitira mantha kuti angagwidwe, kenako n'kudzinyansa yekha. Pamenepo Powell panalibe, kamera panalibe, koma mtima wa nkhaniyo ndi womwewo wa mu Blimp. Bukulo linalandiridwa mozizira ndipo linaiwalika kwa zaka zambiri.

Pressburger anamwalira ku Suffolk mu 1988, Powell atatulutsa kale buku la mbiri yake ndiponso akulemekezedwa ndi anthu onga Martin Scorsese. Kuti mbiri ya mlembiyo ilembedwe, panafunika mdzukulu wake, Kevin Macdonald, amene anaitulutsa mu 1994. Olemba ndemanga amene anadya nazo mafilimu a The Archers anasiyira ntchitoyo wachibale.