Apolisi asadikire woweruza kuti ateteze wamalonda

Ku Kerala, kumwera kwa India, kuli mawu akuti nokkukooli, kutanthauza malipiro a kungoyang'ana. Lole yafika pashopu ndi matumba a simenti, mwini shopu ali ndi anyamata ake otsitsa, koma amuna a bungwe la onyamula katundu aima pageti, manja atapinda pachifuwa, akuti thumba silitsika iwo asanalandire zawo. Sanyamula kanthu. Akuti ntchitoyo inali yawo, ndiye alipidwe basi.

Wamalonda akathamangira kupolisi, kawirikawiri amangomuuza kuti akakambirane, poti mabungwewa amatsamira zipani zandale. Zikatero amafuna loya, n'kupita kukhoti lalikulu la Kerala mumzinda wa Kochi kukapempha, potsatira ndime 226 ya malamulo aakulu a dzikolo, kuti woweruza alamule apolisi kumuteteza. Chimene chimandipweteka mtima ndi chimenechi. Munthu amakhoma msonkho kuti apolisi akhalepo, kenako akalipirenso loya kuti apolisi omwewo akumbutsidwe ntchito yawo?

Malamulo alipo kale. Boma la Kerala lotsogozedwa ndi Pinarayi Vijayan linaletsa nokkukooli kuyambira pa 1 Meyi 2018. Komabe mu Seputembala 2021 anthu anatsekereza lole yonyamula zida za ISRO, bungwe la boma loona za mlengalenga, pafupi ndi Thumba, kufuna ndalama zomwezi. Ngati katundu wa boma angaimitsidwe pamsewu, kuli bwanji wa munthu wamba? Chaka chomwecho woweruza Devan Ramachandran wa khoti lalikulu lija anati mchitidwewu uzitengedwa ngati kulanda ndalama moopseza, ndipo apolisi azitsegula milandu. Ananena zoona, ngakhale kuti wapolisi aliyense anayenera kuzidziwa yekha.

Sindikunyoza onyamula katundu. Awa ndi anthu amene misana yawo yathera pansi pa matumba, ndipo lamulo la 1978 lowateteza linabwera chifukwa kale ankadyeredwa masuku pamutu. Makina akubwera, ganyu akuchepa, mantha awo ndi omveka. Koma njala ya munthu siimpatsa ufulu wotseka geti la mnzake, ndipo bungwe lophunzitsa anthu ake kudya pa thukuta la ena likuwachotsera ulemu umene anaumenyera.

Ndipo chigamulo cha khoti cholamula apolisi kuteteza wamalonda chimathandiza ndani? Amene ali ndi ndalama za loya. Mayi wa kagolosale amene wabweretsa makatoni khumi sangapite ku Kochi. Amapereka ndalamazo mwakachetechete, n'kuziwonjezera pamtengo wa sopo. Ngakhale wopambana kukhoti sapuma. Mu 2022 shopu ya zomangira ku Mathamangalam, m'boma la Kannur, inatsekedwa kwa kanthawi chifukwa cha zionetsero za bungwe la anthu ogwira ntchito la CITU pakhomo pake, ogula akuopa kulowa, pomwe khoti linali litalola kale kuti antchito a pashopupo azitsitsa okha katundu.