MLANDU WOGAMULIDWA USANAMVEKE

Akuru a pabwalo adziwa kuti mlandu sagamula eni ace asanalankhule. Nyakwawa imene ifika pa bwalo itasankha kale wolakwa, anthu aicha dzina lina, ndipo dzinalo si labwino ai. Lero tifuna kuneneza oweruza a mtundu umenewo, ngakhale bwalo lao liri kutali, ku maiko a cisanu, ndipo mlandu wao ndi wa gule. Wina adzati, Za gule nzacabe. Koma tamvani poyamba mbiri ya Elena Grushina ndi Ruslan Goncharov a ku Ukraine, amene anapereka ubwana ndi unyamata wao ku gule ameneyu, ndipo pamenepo mudzaweruze nokha ngati nzacabe.

Ku maiko amenewo madzi aundana ndi cisanu nauma gwa ngati mwala, ndipo anthu aphunzira kuumitsa madzi ndi makina m'nyumba zazikuru, kuti pakhale bwalo losalala ndi loterera. Mwamuna ndi mkazi abvala nsapato zokhala ndi mpeni wacitsulo kunsi kwace, natsetsereka pa bwalolo atagwirana manja, ali kubvina motsata nyimbo. Azungulira, atembenuka, mwamuna nanyamula mnzace ali pa liwiro. Gule ameneyu analowa m'masewera akuru a maiko onse, ochedwa Olympic, m'caka ca 1976 ku Innsbruck, ndipo masewerawo acitika kamodzi pa zaka zinai. Pa mpikisano wothamanga wopambana aoneka ndi maso, ndipo koloko sanama. Koma pa gule koloko sathandiza. Pali oweruza okha, ocokera ku maiko osiyana, ndipo cimene alemba iwo ndico cikhala.

Grushina anabadwa m'caka ca 1975, Goncharov m'caka ca 1973, onse awiri ku Odesa, mzinda wa pa gombe la Black Sea. Mzinda umenewu wabala akatswiri a gule uyu: Oksana Grishuk ndi Evgeni Platov, amene analandira mendulo ya golidi kawiri, mu 1994 ndi mu 1998, m'dzina la Russia, anabadwira komweko. Koma awiri athuwa anabvinira mbendera ya Ukraine, dziko limene linaima palokha mu 1991 liri losauka. Kuti apeze bwalo ndi aphunzitsi, anaoloka nyanja kunka ku America, naphunzira kwa Natalia Linichuk ndi Gennadi Karponosov, pambuyo pace kwa Tatiana Tarasova ndi Nikolai Morozov. Ku Olympic ya ku Nagano mu 1998 anakhala pa malo a 15. Ku Salt Lake City mu 2002 pa malo a 9. Ku Turin mu 2006 pa malo a 3. Zaka zisanu ndi zitatu kuti akwere masitepe khumi ndi awiri! Pofika ku Turin mkaziyo anali ndi zaka 31, mwamunayo 33, ndiwo msinkhu umene obvina ambiri akhala atasiya kale.

Tsono taonani oweruza amene anthu awa anaima pamaso pao. Masiku amenewo oweruza asanu ndi anai amapereka malikisi osapitirira 6.0, ndipo malikisiwo sanali kanthu koma njira ya kuika awa patsogolo ndi awo pambuyo. Palibe amene anafunsidwa kuti, Mwaona ciani kuti mupereke 5.8, si 5.6? Ku Nagano komweko woweruza wa ku Canada, Jean Senft, anajambula pa makina mau a woweruza mnzace, Yuri Balkov wa ku Ukraine, ali kumchulira pa telefoni ndondomeko ya opambana, gule wotsiriza asanabvinidwe. Bungwe loyang'anira masewerawa, International Skating Union, linamuimitsa Balkov caka cimodzi cokha. Mu 2002 anali atakhalanso pa mpando wa oweruza ku Salt Lake City, ndipo mu 2014 analiponso ku Sochi. Fisi anagwidwa m'khola, ndipo eni mbuzi anampumitsa pang'ono, nambwezera ubusa.

Sitinena kuti Grushina ndi Goncharov anayenera golidi ku Nagano. Anali asanakhwime, ndipo malo a 15 angakhale anali malo ao ndithu. Cimene tinena ndi ici: woweruza wogamuliratu aba kwa onse. Wapambuyo amlanda ciyembekezo, pakuti adziwa kuti angakhale abvine bwanji malo ace anaikidwa kale. Wapatsogolo amlanda ulemu, pakuti anthu adzanong'onezana kuti mendulo yace inagulidwa, angakhale anaikhetsera thukuta. Ndipo dziko la woweruzayo alibveka manyazi: ana a Ukraine amene sanalakwe kanthu anasenza mbiri yoipa ya mkuru wao.

Ku Salt Lake City cobisika cinaonekera poyera. Pa mpikisano wina wa awiriawiri, wosiyana ndi gule, woweruza wa ku France, Marie-Reine Le Gougne, anaulula kuti anamkakamiza kukondera a ku Russia, ngakhale pambuyo pace anakana mau acewo. Phokoso linakula kufikira akuru anapereka golidi waciwiri kwa a ku Canada. Pa gule panacitika cina cimene wina ali yense angamve. Pa kubvina kotsiriza Maurizio Margaglio wa ku Italy anagwa, koma iye ndi Barbara Fusar-Poli anakhalabe acitatu nalandira mendulo. Shae-Lynn Bourne ndi Victor Kraatz a ku Canada anagwa onse awiri, nakhalabe acinai. Margarita Drobiazko ndi Povilas Vanagas a ku Lithuania sanagwe, koma anakhalabe acisanu. Anadandaula kwa akuru, ndipo dandaulo lao linakanidwa. Kodi mpikisano wotani uwu, umene kugwa sikutsitsa munthu ndi kuima sikumkweza?

Alipo oteteza mwambo wakale, ndipo mau ao tiwadziwa. Ati, Gule akoma ndi kukhwima. Wamng'ono adikire akuru apume, nthawi yace idzafika. Kuona maso a nkhono nkudekha. Mwambiwo ndi woona, koma auikira pa malo osayenera. Kudekha ndi nchito ya wophunzira, si cifukwa cakuti woweruza atseke maso. Ngati wamkuru aposadi, aposere pa bwalo tsiku lomwelo, anthu ali kupenya. Ndiponso mzere umenewo suyenda molingana kwa onse: wa dziko lamphamvu, lokhala ndi abwenzi ambiri pa mpando wa oweruza, aima kutsogolo, wa dziko losauka adikira kufikira maondo atatha. Thupi la munthu silidikira mzere. Ambiri anasiya nthawi yao isanafike, ndipo maina ao sitiwamvanso.

Cifukwa ca manyazi a ku Salt Lake City, mu 2004 bungwe lija linataya malikisi a 6.0, niliika njira yatsopano. Tsopano kunyamula kuli konse, kuzungulira kuli konse, ndi mayendedwe onse a mapazi ziri ndi mtengo wace wolembedwa; akatswiri ena apenya zithunzi zoyenda kuti atsimikize cimene cacitikadi; oweruza aonjeza kapena kucotsa monga mwa ukoma wa cinthu ciri conse; ndipo wogwa amcotsera malikisi. Pa nthawi yomweyo a ku Ukraine anali atakhwima: mu 2004 anakhala acitatu pa mpikisano wa Ulaya yense, mu 2005 aciwiri, ndipo caka comweco ku Moscow anakhala acitatu pa dziko lonse lapansi.

Ndipo ku Turin, mu February 2006, njirayo inayesedwa pa moto. Fusar-Poli ndi Margaglio omwe aja anabwerera, ali kwao ku Italy, pakati pa khamu la abale ao, ndipo pa cigawo coyamba anatsogola. Pa cigawo caciwiri anagwa onse awiri gule ali pafupi kutha. Ulendo uno kugwa kunali kugwa: anatsika, natsiriza pa malo a 6. A ku Lithuania anagwanso, ndipo mkazi wa ku Canada, Marie-France Dubreuil, anapweteka kotero kuti sanathe kupitirira. Grushina ndi Goncharov anaima osagwa. Golidi anatenga Tatiana Navka ndi Roman Kostomarov a ku Russia, siliva Tanith Belbin ndi Benjamin Agosto a ku America, ndipo mendulo ya mkuwa inapita ku Odesa, ndiyo mendulo yoyamba ya Olympic imene Ukraine analandira pa gule ameneyu. Atailandira anasiya mipikisano. Munthu yemweyo anagwa mu 2002 natenga mendulo, anagwa mu 2006 naitaya. Madzi oundana sanasinthe ai, cinasintha ndi muyeso.

Ena alira kuti njira yatsopano yapha ukoma, kuti obvina tsopano awerenga malikisi m'mutu m'malo mwa kumvera nyimbo, ndi kuti magule afanana onse. Pa ici ali ndi mau, ndipo sitikana. Koma ukoma umene oweruza agawana pa telefoni usiku suli ukoma wa obvina. Nkwabwino kukangana pa ciwerengero cimene onse aciona, kusiyana ndi kugwadira cinsinsi cimene adziwa anthu asanu ndi anai okha. Ndipo sitiyamika bungwelo mopitirira, pakuti pokonza muyeso linabisa maina a oweruza, kuti asadziwike amene wapereka malikisi akuti, linati potero maiko ao sadzawaopsa. Kumeneko kunali kufunditsa mbala cofunda. Anthu anadandaula zaka zoposa khumi, ndipo mu 2016 cobisaco cinacotsedwa. Lero malikisi a woweruza ali yense alembedwa pamodzi ndi dzina lace.

Cifukwa cace, inu owerenga, musapeputse mendulo ya mkuwa ya anthu awiri a ku Odesa. Anaifunafuna zaka zoposa khumi ndi zisanu, zina mwa izo kutali ndi kwao, pansi pa oweruza amene ena a iwo sanayenera mpandowo. Mlandu wathu pa akuru a masewerawa ukhalabe: wogwidwa ali kugamuliratu asabwererenso pa mpando, kungakhale patapita caka cimodzi kapena khumi, ndipo woweruza ali yense aweruze cimene maso ace aona tsiku lomwelo, poyera, dzina lace liri pamenepo.