Mwini Phazi Awerenge Bilu Yake

Ku America, kuyambira 2015, munthu akathyoka phazi bilu yake imakhala ndi nambala yoyamba ndi S92. Fupa lopita ku chala chaching'ono cha phazi lamanja likathyoka n'kusuntha, amalemba S92.351A. "A" wakumapetoyo akunena kuti fupalo silinaboole khungu ndipo chithandizo chili mkati. Kalaliki akaphonya chilembo chimodzi, kampani ya inshuwalansi ikhoza kukana kulipira, bilu n'kugwera wodwala akadali pa ndodo.

Ine ndikuti uku n'kupondereza. Munthu angatsutse bwanji ngongole imene sangathe kuiwerenga? Abale amene munakhalako kunja mukudziwa kuti akuluakulu akabisa nkhani m'chinenero chawo, wolipira ndi wosauka. Pambali pa nambala iliyonse alembepo mawu omveka ndi mtengo wake. Phazi n'lake, ndalama n'zake.