Intaneti ya M'nyumba ndi Lamya ya Nthambo ku Area 24

Pakati pa aphunzitsi ndi antchito a Boma okhala ku Area 24, mu mzinda wa Lilongwe, pamamveka funso lakuti: kodi munthu wofuna intaneti m'nyumba mwake ayenera kuyamba wakokera lamya ya nthambo? Yankho ndi lakuti iyayi. Koma chifukwa chake chiyenera kulongosoledwa bwino, pakuti nkhaniyi ikhudza thumba la munthu aliyense wolandira malipiro pakutha pa mwezi.

Pamene intaneti inafika m'dziko muno m'chaka cha 1997, kudzera ku kampani ya MalawiNet, inali kuyenda pa nthambo zomwezo za lamya. Kompyuta inali kuimba nambala monga achitira munthu, ndipo nthawi yonse imene inali pa intaneti, woimba lamya kunyumbako sanali kupeza mpata. Pambuyo pake kunadza njira yotchedwa ADSL, imene igawa nthambo imodzi ya kopa pawiri, mawu mbali yawo, intaneti mbali yake. Njirayi ili ndi malire ake: mphamvu icheperachepera pamene nyumba italikira ku nyumba ya makina a lamya, kotero kuti kupyola makilomita ngati 5 siithandiza kwenikweni.

Maiko a ku Ulaya anapindula nayo msanga chifukwa nyumba zambiri kumeneko zinali kale ndi lamya. Kuno kwathu zinthu zinali zina. Nthambo za Malawi Posts and Telecommunications Corporation zinafika makamaka ku maofesi a ku Capital Hill, ku masitolo a ku Old Town ndi ku nyumba zazikulu za ku Area 10. Area 24, pamodzi ndi Ngwenya, inakula mwaliwiro, anthu akumanga nyumba misewu isanalambulidwe bwino, ndipo lamya inalowa m'makomo owerengeka chabe.

M'chaka cha 2000 bungwe lija linagawidwa, ndipo ntchito ya lamya inapatsidwa kwa Malawi Telecommunications Limited, kapena kuti MTL. Kampaniyi inasautsidwa kwambiri ndi mbala zofukula ndi kudula nthambo za kopa kukagulitsa. Nthambo imodzi ikabedwa, dera lonse linali kukhala chete. Nthawi imeneyo n'kuti foni zam'manja zitayamba kale: TNM m'chaka cha 1995, ndi Celtel m'chaka cha 1999, imene inasanduka Airtel m'chaka cha 2010. Munthu wa ku Ngwenya analibenso chifukwa chodikirira mzati pakhomo pake.

Motero intaneti ya m'nyumba za ku Area 24 idza ndi mphepo kuchokera pa nsanja, kulowa m'foni kapena m'kabokosi kokhala ndi simu kadi. Apa ndi pamene pali kusiyana kwakukulu. Wa nthambo alipira kamodzi pa mwezi, banja lonse n'kumagwiritsa ntchito. Wogula bandulo awerengera ngati mchere, ndipo bandulo ikatha kapena masiku ake akakwana, mphunzitsi asiyira panjira zimene anali kukonzera ophunzira ake. Madzulo, anthu ambiri akaunjikana pa nsanja imodzi, liwiro nalonso litsika.

Asaganize wina kuti nthambo zatha ntchito. Zangosuntha malo. Nsanja zambiri zidyetsedwa ndi nthambo za faiba, zimene zitumiza uthenga ndi kuwala m'kati mwa galasi lopyapyala ngati tsitsi. Faiba ya MTL inapatulidwa m'chaka cha 2016 kukhala kampani ya Open Connect Limited, ndipo ESCOM nayo ili ndi yake pa mizati ya magetsi. Popeza Malawi alibe nyanja yamchere, nthambozi ziyenera kudutsa maiko ena monga Tanzania kapena Mozambique kuti zikakumane ndi zapansi pa nyanja, ndipo mtengo wodutsira m'maiko a eni uthera pa wogula bandulo.

Ku Britain zinthu zatembenuka: makampani analengeza kuti lamya zakale za kopa zidzatsekedwa pofika Januwale 2027, kuti mawu aziyenda pa intaneti. Kale intaneti inali mlendo pa nthambo ya lamya; tsopano lamya ndiyo mlendo. Palibe chifukwa tsono chokokera kopa ku Area 24. Starlink, yochokera ku makina a mumlengalenga, inayamba kuno m'chaka cha 2023, koma zipangizo zake n'zolemera pa malipiro a mphunzitsi wa pulaimale.

Chotsala ndi faiba yofika pakhomo. Imeneyi ifuna msewu woongoka wokumbamo ngalande kapena woimikamo mizati, ndipo malo otere ku Area 24 sapezeka popanda khonsolo ya mzinda wa Lilongwe kugwirizana ndi eni mapuloti.